Mawu a Mlembi: Kupeza Ndalama Yonse Podziwa Gawo Lake

Ndapemphedwa kunenapo mawu ochepa pa masamu amene alimi athu a thonje amawasowa tsiku la msika.

Tiyerekeze kuti mlimi wa ku Phalula wadulidwa K6,000, ndipo wauzidwa kuti ndalamayo ndi magawo 3 pa 100 alionse a mtengo wa thonje lake. Kodi thonjelo linali la ndalama zingati? Agawe 6,000 ndi 3, apeza 2,000. Limenelo ndilo gawo limodzi. Achulukitse 2,000 ndi 100, apeza K200,000. Ngati palisiti palembedwa mtengo wochepera pamenepa, afunse asanasaine, pakuti wadulidwa mopitirira.

Njirayi tingaiyese ndi chiwerengero cha anthu. Pa kalembera wa 2018, boma la Balaka, limene linapatulidwa ku Machinga mu 1998, linali ndi anthu 438,379, ndiwo pafupifupi magawo 2.5 pa 100 a dziko lonse. Tikawerengera chimodzimodzi tipeza 17,535,160, pamene kalemberayo anapeza 17,563,749. Kusiyana kochepaku kwadza chifukwa tinati "pafupifupi".

Chotero pempho langa nali: wodziwa masamu aziperekeza mnzake kumsika.