Bambo Alick Nkhata, Wopeka Nyimbo za Anthu a ku Migodi

Munthu akacoka kumudzi kukalowa nchito ku Nkana kapena ku Ndola, amasiya munda, makolo ndi bwalo lobvinira. Kodi nyimbo za kwao nazonso azisiye? Mwa anthu amene anayankha funso limeneli ndi nchito ya moyo wao, wochuka koposa ndiye Bambo Alick Nkhata.

A Nkhata anabadwira ku Kasama m'caka ca 1922. Atate ao anali Mtonga wa ku Nyasaland, ndipo amai ao anali Mbemba. Pa nkhondo yaciwiri ya dziko lonse analowa usilikali, napita ku Burma, kumene asilikali a kuno anali kumenyana ndi a ku Japan. Atabwerako anagwira nchito ndi Hugh Tracey, Mzungu amene anali kuyenda m'maiko a Africa ndi makina otolera mau, nasonkhanitsa nyimbo za makolo. Pa nchito imeneyo a Nkhata anadziwa maimbidwe a mitundu yambiri.

Pambuyo pace analowa nchito ku nyumba ya wailesi ya ku Lusaka, Central African Broadcasting Station. Nthawi yace inali yabwino, pakuti m'caka ca 1949 munafika wailesi yochipa ya batire, yochedwa Saucepan Special cifukwa inali kuoneka ngati sefuliya. Mtengo wace unali £5, ndipo anchito olandira malipiro anakhoza kuigula. Madzulo m'makomboni a ku Kitwe, wailesi imodzi inali kusonkhanitsa anthu a nyumba zingapo.

Anthu amenewa anali a mitundu yosiyana: Abemba, Ansenga, Acewa, Angoni ndi ena. A Nkhata ndi anzao oimba nao anali kutenga maimbidwe a kumudzi, nawaika pa gitala, naikamo mau a moyo wa m'tauni: ndalama zotha mwezi usanathe, mowa, cikondi ndi maukwati osalimba. Anali kuimba m'Cibemba, m'Cinyanja ndi m'zinenero zina. Cotero munthu woturuka mu mgodi anali kumva mabvuto ace a lero m'kaimbidwe kamene anakula nako.

Nzeru yotere si ya kuno kokha. Ku Japan komweko, kwao kwa adani a pa nkhondo ija, kunali Akira Ifukube, wobadwa m'caka ca 1914, amene anakula akumva nyimbo za mtundu wa Ainu pa cisumbu ca Hokkaido. Anaphunzira za nkhalango, koma kupeka nyimbo anadziphunzitsa yekha. Iye anapeka nyimbo za m'zithunzi za baisikopo zoposa 200, monga Godzilla ca 1954 ndi The Burmese Harp ca 1956, conena za asilikali ku Burma. Monga a Nkhata pa wailesi, iyenso analowetsa maimbidwe akale a kwao m'makina atsopano.

Koma nchito ya a Nkhata inali ndi zowawa zace. Wailesi inali ya Boma, ndipo pamene Boma linakakamiza citaganya ca Federation m'caka ca 1953, anthu ambiri analeka kuikhulupirira. Kunabuka mphekesera zakuti olankhula pa wailesi ndi banyama, oba anthu kuti awacotse magazi. Anthu amene dzulo anali kuwaombera m'manja anayamba kuwaopa. A Nkhata sanaleke kuimba, ndipo dziko litalandira ufulu m'caka ca 1964 anakhala mmodzi wa akuru oyang'anira wailesi ya Zambia.

Atapuma nchito anakakhala pa famu yao ku Mkushi. M'mwezi wa October 1978 asilikali a Rhodesia anaukira misasa ya omenyera ufulu wa Zimbabwe m'dera limenelo, ndipo a Nkhata anaphedwa pa ciwembuco. Munthu amene anapulumuka ku Burma anafera pafupi ndi munda wace.

Ku Lusaka, mseu wopita ku nyumba ya wailesi unachedwa Alick Nkhata Road. Koma cikumbutso cacikuru ndi ici: anyamata a ku Migodi amene anagwira gitala pambuyo pao anapeza njira yolambula kale, nadziwa kuti kuimba m'cinenero ca amai ao sikucititsa manyazi m'tauni.