Mikangano ya Malire ndi Ntchito ya Apolisi



Tinapemphedwa kuti pa chikondwerero chathu chino tilankhuleko za mikangano ya malire, imene imatisoŵetsa tulo m'midzi mwathu muno mu Dedza. Nonse mudziŵa mayambidwe ake. Mwezi wa Okutobala anthu ali kalikiliki kuunda mizere, mnansi angodya mzere umodzi. Chaka chinacho adya wina. Khonje lija anabzala agogo lizulidwa usiku, ndipo posachedwa makasu asanduka zida.

Kalembera wa 2018 anapeza anthu oposa 830,000 m'boma lino, koma phiri la Dedza silinasunthe kuti litipatse malo ena. Dimba la kachewere ku Bembeke lero ndi chuma. Ndiponso m'midzi yambiri ya kuno ukwati ngwachikamwini, munda umatsata mbumba ya akazi. Tsono nkhaniyi njathu amaife.

Pamudzi wina kwathuku (maina sititchula, kapena abale ao ali momwe muno) amai aŵiri a bere limodzi analimbirana mizere inai. Wamng'ono anathamangira ku polisi, poyesa kuti apolisi abwera pa galimoto kudzaloza pamene padutsa malire. Apolisi anamumvetsera bwino lomwe, namuuza kuti abwerere kwa anyakwaŵa. Anafika pakhomo akulira kuti amunyoza. Mwana wake wamwamuna, poona misozi ya amake, anatenga chikwanje nakatchetcha chimanga cha amai ake aakulu chitayamba kumasula. Apo ndiye apolisi anabwera, ndipo anabwera msanga. Mnyamata anagona m'chitokosi, mbuzi ziŵiri zinagulitsidwa kulipira chimanga chija, koma za malire panalibe chimene chinagamulidwa.

Amai, apolisi aja sanalakwe. Funso lakuti mundawu ngwa yani si mlandu waupandu ai. Wapolisi wochokera ku Karonga kapena ku Nsanje, amene wafika dzana, angadziŵe bwanji pamene panali msuku umene makolo anapanganirana? Odziŵa ndi amfumu, atsibweni ndi nkhalamba zimene zinaona pogaŵa. Ntchito ya apolisi imayamba pamene munthu wathyola lamulo: wamenya mnzake, wamuopseza ndi chikwanje, watentha nkhokwe, waononga mbeu, kapena wazula chizindikiro cha malire mwachinyengo. Ngakhale munda utakhala wanu ndithu, mukamenya munthu m'menemo womangidwa ndinu.

Zikafika potere musachedwe, ndipo musaope kuti akunenani kuti mwamangitsa mbale. Kuli bwino agone m'chitokosi kusiyana ndi kuti tikumbe manda. Amai amasiye makamaka, dziŵani kuti lamulo la chuma chamasiye la 2011 limati kulanda chuma chotere ndi mlandu, ndipo ku polisi kuli ofesi ya Victim Support Unit yomva madandaulo anu. Mwana wanu akagwidwa, belo ya ku polisi njaulere, ndipo malamulo a dziko amati womangidwa aonekere ku khoti pasanathe maola 48.

Nanga malirewo agamula ndani? Njira njomwe ija: kwa anyakwaŵa, kwa agulupu, kenaka kwa mfumu yaikulu, kaya ndi kwa Kaphuka, kwa Kasumbu kapena kwa Kachindamoto. Lamulo la malo a makolo la 2016, limene linayamba kugwira ntchito mu 2018, linaika komiti ya malo pansi pa agulupu, ndi bwalo la milandu ya malo pansi pa mfumu yaikulu. Wosakhutira angathe kukweza nkhani ku boma, mpaka ku Khoti Lalikulu. Chimene chatikondweretsa ife nchakuti lamuloli linati pa anthu asanu ndi mmodzi okhala pamodzi ndi mfumu, atatu kapena kuposa akhale amai. Tsono kumene makomitiŵa akusankhidwa, tisakhale kumbuyo kumangophikira alendo. Mipandoyo njathu, ndipo amene amadziŵa pothera munda ndi amene amapalira.

Mvula isanagwe chaka chino, itanani mnansi wanu, muyende naye m'malire pamaso pa amfumu ndi mboni ziŵiri, ana anu ali pomwepo akuona. Bzalanimo vetiva kapena khonje. Mlandu ukagamulidwa pemphani kalata, muisunge pamodzi ndi ziphaso zanu, chifukwa kalatayo ndiyo mudzaonetse ku polisi wina akadzayambanso chipongwe.

Mlandu wa amai aŵiri aja agulupu anautha m'maŵa umodzi, dzuŵa lisanafike paliombo. Nkhalamba ina inaloza chitsa cha msuku, mizere iŵiri inapita uku, iŵiri uko. Papita zaka zitatu, koma kufikira lero amai aja sapalana moto.