Mafupa Ogona m'Miyala ya ku Karonga

Mayi wophwanya miyala ku Chinsapo, ngakhale bambo wokumba chitsime ku Kawale, sangapeze fupa m'kati mwa thanthwe. Chifukwa chake nchakuti matanthwe a ku Lilongwe ndi akale zedi: anapsa ndi kutentha kwa pansi pa dziko nyama zamafupa zisanaoneke.

Koma ku Mwakasyunguti, m'boma la Karonga, nkhani ndi ina. Kumeneko kuli miyala yofiirira, yochokera ku mchenga ndi matope amene mitsinje inaunjika zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo. Matopewo anakwirira zinyama zotchedwa madainoso, ndipo mafupa ake anasanduka mwala.

M'chaka cha 1928 katswiri Sidney Haughton analongosola mafupa a kumeneko. M'chaka cha 1993 Louis Jacobs ndi anzake, kuphatikizapo Mmalaŵi Elizabeth Gomani, anachitcha chinyamacho Malawisaurus. Chinali chakhosi lalitali, chodya masamba. Chifaniziro cha mafupa ake chaimikidwa m'nyumba yosungiramo zakale ya ku Karonga.

Mvula ikakokolola miyalayi, mafupa ena amatulukira poyera. Wowapeza asawaswe, asawagulitse. Akauze amfumu ndi aboma, pakuti fupa lotere likaphwanyika palibe wina angaliumbenso.