KUWERENGA ZIDA ZA MDANI: M'MENE AMERICA NDI SOVIET UNION ANALI KUZONDERANA

Pansipa tasindikiza mau amene Ofisala wa Zofalitsa Nkhani za Boma analankhula pa maphunziro a atsogoleri a nthambi ndi zigao za Cipani ocokera m'midzi.



Nkhani imene ndabwera nayo lero ioneka ngati ya kutali ndi mudzi, koma m'kati mwake muli phunziro kwa ali yense amene ali ndi udindo wotumiza malipoti kwa akulu ake.

Kucokera pakutha kwa Nkhondo Yaciwiri ya Dziko Lonse mu 1945 kufikira pamene Soviet Union inapasuka mu 1991, maiko awiri amphamvu koposa onse, America ndi Soviet Union, anali kuyang'anana ndi diso lofiira. Lili lonse linali kudzifunsa usana ndi usiku kuti: Kodi mnzangayu ali ndi mabomba a atomu angati, ndipo afuna kucita nao ciani? Nchito yoyankha funso limeneli inapatsidwa kwa mabungwe a akazitape: ku America kunali CIA, imene inakhazikitsidwa mu 1947, ndipo ku Soviet Union kunali KGB ndi GRU.

Inu alimi mudzamva msanga kubvuta kwa nchito imeneyi. Munthu ataima pamseu akhoza kuwerenga nkhokwe za pakhomo pa mnzake. Kudziwa ngati nkhokwezo n'zodzala kapena muli zitsononkho zokha ndi nkhani ina. Tsono kudziwa cimene mwini wake afuna kucita ndi cimangaco, apo ndiye pobvuta koposa, pakuti akulu anati mtima wa mnzako ndi tsidya lina.

MPHEPO INAULULA CINSINSI

Poyamba akatswiri a CIA anali kukhulupirira kuti Soviet Union idzaphulitsa bomba lake loyamba la atomu ca m'ma 1953. Koma bombalo linaphulika pa 29 August, 1949, ku Semipalatinsk m'dziko la Kazakhstan, ndipo boma la ku Moscow linakhala cete. Cimene cinaulula ndi mphepo. Pa 3 September ndege ya America yoyesa za nyengo, pouluka kucokera ku Japan kupita ku Alaska, inatola m'mlengalenga fumbi limene silicokera kwina koma ku bomba la atomu. Purezidenti Harry Truman analengeza nkhaniyi pa 23 September. Kuyambira pamenepo akazitape anaphunzira kununkhiza mphepo, kumvetsera kugwedezeka kwa nthaka ndi makina, ndi kuchera khutu mau a pa wailesi a asilikari a mdani.

Koma popeza anacititsidwa manyazi pocepetsa mphamvu za mnzao, anayamba kulakwira mbali inayo. Mu July 1955 ku Moscow kunali cionetsero ca ndege za nkhondo, ndipo nthumwi za maiko ena zinaitanidwa. Ndege zazikuru zoponya mabomba zinadutsa pamwamba pao, n'kukatembenukira kumene maso safika, n'kubweranso. Alendowo anawerenga ndege zomwezo kawiri. Malipoti anapita ku Washington akuti Soviet Union idzakhala ndi ndege zotere mazanamazana, ndipo mantha amenewa anathandiza kuti America ifulumize kupanga ndege zake za B-52, zimene zonse pamodzi zinakwana 744.

Pofuna kudzionera okha, a CIA anatumiza ndege yojambula zithunzi yochedwa U-2, youluka pamtunda wa makilomita pafupi-fupi 21. Inadutsa pamwamba pa Soviet Union koyamba pa 4 July, 1956, ndipo zithunzi zake zinaonetsa kuti ndege zoopedwazo zinali zocepa ndithu.

MANTHA ACULUKITSA CIWERENGERO

Mantha awa asanathe bwino, ena anabadwa. Pa 4 October, 1957, Soviet Union inaponya m'mlengalenga Sputnik, setelaiti yoyamba pa dziko lapansi. Ali yense anazindikira kuti mzinga wokhoza kukweza cinthu cotere ukhozanso kunyamula bomba kukafika nalo ku New York. Mtsogoleri wa dzikolo, Nikita Khrushchev, anadzitama kuti mafakitale ake anali kutulutsa mizinga ngati masoseji. Akatswiri a ku America anawerengera kukula kwa mafakitalewo, nalosera kuti pakutha zaka zocepa mizinga yofika tsidya la nyanja idzakhala mazana angapo. Gulu la asilikari a m'ndege ndilo linali kuchula ciwerengero cacikuru koposa, ndipo lomwelo ndilo linali kuyembekeza kulandira ndalama zogulira zida zatsopano. Pa masankho a 1960, John Kennedy ananena kuti boma lalola dziko kutsalira m'mbuyo.

Pa 1 May, 1960, ndege ya U-2 inagwetsedwa pafupi ndi Sverdlovsk ndipo woyendetsa wake, Gary Powers, anagwidwa wamoyo. Maulendo a U-2 pamwamba pa Soviet Union anathera pomwepo. Koma mu August caka comweco setelaiti ya America yochedwa Corona inagwetsa kabokosi ka filimu kamene ndege inawakha m'malere pafupi ndi Hawaii. Ulendo umodzi wokhawo unajambula dera lalikuru kuposa maulendo onse a U-2 kuwaphatikiza pamodzi. Panalinso munthu wa m'kati mwa nkhokwe mwenimweni, Oleg Penkovsky, msilikari wa udindo waukuru mu GRU, amene mu 1961 ndi 1962 anali kupereka mapepala acinsinsi kwa America ndi Britain, mpaka anagwidwa mu 1962 naphedwa mu 1963.

Mu September 1961 akatswiri aja anatsitsa ciwerengero cao, nati mizingayo ili pakati pa 10 ndi 25. Lero tidziwa kuti ngakhale apo anaonjeza, pakuti yoikidwa m'malo ake inali yowerengeka pa zala za dzanja limodzi. Komabe America inapitirira nimanga mizinga ya Minuteman yokwana 1,000. Soviet Union nayo inathamanga kuti ilingane ndi mnzake, ndipo inathamanga kwambiri kotero kuti kumapeto a zaka za m'ma 1960 a CIA anapezekanso akucepetsa ciwerengero. Taonani, amai ndi abambo: cinthu cimene anaciopa cisanakhalepo, mantha ao omwe ndiwo anathandiza kucibala.

TSIDYA LINA LA MTIMA

Ndinanena kuti kuwerenga mtima n'kobvuta kuposa kuwerenga nkhokwe. Umboni wake ndi cisumbu ca Cuba, cimene cili pafupi ndi gombe la America ndipo cinali pa ubwenzi ndi Soviet Union. Mu September 1962 akatswiri a ku Washington analemba kuti n'zokaikitsa kuti Khrushchev angaike mizinga ya atomu kumeneko, cifukwa munthu wanzeru sangadziike pa ngozi yotere. Pa 14 October ndege ya U-2 inajambula malo a mizingayo ku San Cristóbal. Iwo anayesa mtima wa Khrushchev ndi mtima wao. Anaganizanso kuti asilikari a Soviet Union pa cisumbupo anali ngati 10,000, pamene anali oposa 40,000, ndipo sanadziwe kuti analinso ndi mabomba ang'onoang'ono a atomu ogwiritsa nchito pa bwalo la nkhondo. Zimenezi zinamveka poyera mu 1992 pa msonkhano wa ku Havana. Akuluakulu ena a asilikari anali kukakamiza Kennedy kuti athire nkhondo pa Cuba. Akadawamvera, bwenzi tikusimba zina, ngati osimbawo akadatsalako.

Tisaganize kuti olakwa anali a ku Washington okha. Mu 1981 mkulu wa KGB, Yuri Andropov, analamula akazitape ake m'maiko a Azungu kuti afunefune zizindikiro zakuti America ikonzekera kuponya mabomba modzidzimutsa. Anauzidwa kuwerenga mazenera oyaka magetsi usiku m'maofesi a boma, ndi kuyang'ana ngati zipatala zayamba kusonkhanitsa magazi ambiri. Akazitape ambiri sanakhulupirire kuti nkhondo ili pafupi, koma anali kutumizabe malipoti otere poopa kuoneka aulesi, ndipo malipotiwo anaonjezera mantha a amene anawaitanitsa. Oleg Gordievsky, wa KGB ku London amene mobisa anali kugwirira nchito Britain, ndiye anacenjeza maiko a Azungu za kukula kwa mantha amenewa.

M'nyengo yomweyo, pa 26 September, 1983, makina a Soviet Union anaonetsa kuti mizinga 5 yanyamuka ku America. Msilikari amene anali pa nchito usikuwo, Stanislav Petrov, analingalira kuti woyamba nkhondo yotere sangaponye mizinga 5 yokha, nauza akulu ake kuti makina alakwa. Kunapezeka kuti kunali kuwala kwa dzuwa pa mitambo. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

PHUNZIRO LAKE

Pomaliza maiko awiriwa anazindikira kuti mdani wosaona n'ngoopsya kuposa mdani woona. M'mapangano a SALT a mu 1972 anabvomerezana kuti wina asachinge maso a masetelaiti a mnzake. Mu 1987 Ronald Reagan ndi Mikhail Gorbachev anasaina pangano lolola oyendera a mbali ina kulowa m'misasa ya mbali inzake, ndipo pofika 1991 mizinga 2,692 inali itaphwanyidwa. Pangano limenelo linatha mu 2019, ndipo mu February 2023 Russia inaimitsa mbali yake m'pangano lina la New START. Oyendera akaleka kuyenda, kuganizira kumabwerera, ndipo taona kale kumene kuganizira kumafikitsa anthu.

A Wapampando, ife sitiwerenga mizinga. Tiwerenga matumba a cimanga, ng'ombe zakufa ndi matenda, ndi mabanja osowa cakudya. Koma lamulo lake ndi limodzi. Polemba lipoti, siyanitsani cimene mwaona ndi maso anu, cimene mwangomva, ndi cimene mukungoganizira. Musakuze ciwerengero kuti mulandire zambiri, musacicepetse kuti muyamikidwe, ndipo musalembe cinthu cifukwa cakuti mkulu wanu afuna kucimva. Amene ali pamwamba aona ndi maso anu, ndipo mukamnamiza, adzalamula molakwa pa mitu ya anthu a m'mudzi mwanu momwe.