KUWERUZA GULE NKOBVUTA

Pa masewera a mpira wopambana adziwika msanga, pakuti zigoli ziwerengeka. Koma pa mpikisano wa magule woweruza alibe cowerenga. Ali ndi maso ndi makutu ace okha, ndipo maso amenewo anaphunzira kupenya kumudzi kwao.

Taganizani za Kalela, gule wa ku Migodi. M'caka ca 1951 Bambo J. Clyde Mitchell a ku Rhodes-Livingstone Institute anapenyerera anyamata a mtundu wa Abisa alikubvina ku Luanshya, nalemba buku lochedwa The Kalela Dance, limene linaturuka mu 1956. Anyamatawo sanabvale zikopa kapena nthenga ai. Anabvala mabuluku ositidwa bwino ndi nsapato zonyezimira. Ng'oma zao zinali za migolo ya mafuta, ndipo pagulu pao panali "mfumu" ya suti ndi "dotolo" wa mkanjo woyera.

Tsono anthu atatu aweruze gule ameneyu. Mlendo wofuna kuona za makolo adzati, "Awa angotsanza Azungu." Nkhalamba ya ku Katete, yozolowera Nyau zimene zipalasa fumbi ndi mapazi, idzaona anyamata alikukwekwesa mapazi pamzere nidzati ngaulesi. Koma wakumva Cibemba ca m'komboni adzaseka mpaka misozi, cifukwa mtima wa Kalela uli m'mau a nyimbo, zotama kwao ndi zoseka mitundu yina. Onse atatu anena zimene aona, koma awiri ayesa gule ndi muyeso wa gule wina.

Kanthu aka si kacabe. Obvina ataya ndarama zao pa zobvala, ndiponso masabata ambiri pokonzekera ataweruka ku nchito. Akalephera osauzidwa cifukwa cace, adzati woweruza wakondera mtundu wace, ndipo cidani cimene cayambira pabwalo cidzalowa m'komboni.

Cifukwa cace woweruza wanzeru ayamba wafunsa eni gule cimene iwo acha kubvina bwino, nayesa Kalela ndi malamulo a Kalela, Nyau ndi malamulo a Nyau. Asakhale yekha, pakuti mutu umodzi susenza denga. Pakhale wina wakumva cinenero ca nyimbozo. Potsiriza anene zifukwa zace poyera. Anthu adzatsutsanabe, koma wolephera adzapita kwao alikudziwa coti akonze.