Ousmane Sembène: Mlembi wa Nkhani za Kanema

Lero tikamba za nchito imene ambiri a inu simunaiganizirepo. Mukamaonera kanema, mumaona anthu alikulankhula, kuseka ndi kulira. Kodi mau awo amawatenga kuti? Pali munthu amene amayamba wakhala pansi ndi kulemba zonse: mau olankhula, malo ocitikira nkhani, ndi cimene maso adzayamba kuona. Mmodzi wa alembi otere anali Ousmane Sembène wa ku Senegal, kumadzulo kwa Africa.

Sembène anabadwa m'caka ca 1923 m'tauni ya Ziguinchor. Atate wace anali msodzi. Sukulu sanapite nayo patali, ndipo ali mnyamata anagwira nchito ya umisiri wa nyumba ndi yokonza magalimoto ku Dakar. Masiku amenewo Senegal anali m'manja mwa Afalansa, monga dziko lathu linali m'manja mwa Angelezi. M'caka ca 1944 analembedwa usilikali pa nkhondo yaciwiri ya dziko lonse, nkhondo yomweyo imene inatenga amuna a kuno kwathu kupita nao ku Burma.

Nkhondo itatha anapita ku France, nakhala wonyamula katundu pa doko la Marseille. Kumeneko anawerenga mabuku ambiri, nayamba kulemba ace. Buku lace loyamba linaturuka mu 1956. La mu 1960 linafotokoza sitalaka ya anchito a njanji ya Dakar-Niger, imene inacitika mu 1947 ndi 1948. Koma atabwerera kwao, dziko lace litalandira ufulu mu 1960, anaona cinthu comuwawa mtima. Mabuku ace anali m'Cifalansa, ndipo anthu amene anali kuwalembera, asodzi, alimi ndi amai a pamsika, sanali kudziwa kuwerenga. Nanga mau ace akanawafika bwanji?

Cifukwa ca ici, ali ndi zaka pafupifupi 40, anapita ku Moscow kukaphunzira kupanga kanema. Iye anayesa kanema ngati sukulu ya usiku, kumene ngakhale wosadziwa cilembo cimodzi angathe kuphunzira. Mu 1968 anapanga Mandabi m'cinenero ca Ciwolofu. Ndi nkhani ya bambo wosauka amene mphwace wamtumizira ndalama pa positi kucokera ku Paris, koma alephera kuzilandira cifukwa alibe citupa. Oonera anaseka, komanso anazindikira mabvuto ao omwe.

Za nkhondo sanaziiwale. Pa 1 December 1944, pa msasa wa Thiaroye pafupi ndi Dakar, asilikali a ciAfrica amene anali atabwerako ku ukaidi wa Ajeremani anapempha malipiro ao. M'malo mwa ndalama, gulu la nkhondo la Afalansa linawaombera mfuti. Akuluakulu a gululo anati anafa anthu 35, koma akatswiri a mbiri yakale amati anali ambiri koposa. Kwa zaka zambiri nkhaniyi inali yosakambidwa. Sembène, pamodzi ndi Thierno Faty Sow, anailemba napanga kanema wochedwa Camp de Thiaroye mu 1988, amene analandira mphotho ku Venice. Mu 2024 mtsogoleri wa France anabvomera kuti cimene cinacitika pa Thiaroye kunali kupulula anthu.

Kanema wace wotsiriza, Moolaadé, wa mu 2004, anakamba za mai wolimba mtima amene anachinjiriza ana akazi ku mwambo wowapweteka. Sembène anamwalira ku Dakar mu 2007, ali ndi zaka 84. Ambiri amamucha tate wa kanema wa mu Africa.

Ana inu, nkhani imene eni ace sailemba imaiwalika, kapena imakambidwa mokhota ndi ena. Tsono nayi nchito yanu. Funsani agogo anu cinthu cimodzi cacikuru cimene cinacitika m'mudzi mwanu. Lembani amene analipo, malo ace, ndi mau amene aliyense analankhula. Aphunzitsi, gawani ana m'magulu kuti asewere nkhanizo m'cinenero cao pamaso pa anzao. Tsalani bwino.