MAGEMU A MWEZI WA JUNI: NDI ATI AMENE AMAFIKA KU NYANJA?

Mwezi wa Juni ukafika ku Monkey Bay, mphepo ya mwera imakhala itayamba kukuntha. Nyanja imaŵinduka, asodzi amakokera mabwato ao pamtunda kudikira kuti bata libwerere, ndipo ana a sukulu amakhala ali m'chigawo chachitatu, mayeso akuyandikira. Ku Ulaya ndi ku America mwezi womwewo ndi chiyambi cha nyengo yotentha, pamene sukulu zimatsekera tchuthi chachitali. Nkhani ya lero ikunena za malonda amene amapangidwira anthu a kumaiko amenewo, koma amadzafika ndithu mpaka ku madooko a kuno kwathu. Malondawo ndi maseŵera a pa kanema ndi pa kompyuta, amene achinyamata amangoti magemu.

Kwa omvera amene sadaonepo, gemu ndi seŵero limene limaoneka pa kanema, koma anthu a m'kanemamo amayendetsedwa ndi woseŵera. Iye amagwira kachipangizo ka mabatani, kamene anyamata amakatcha padi, ndipo akadina batani munthu wa m'kanema uja amathamanga, amalumpha kapena kumenya mpira. Makina oseŵerera alipo a mitundu ingapo. Kampani ya Sony ya ku Japan imapanga PlayStation, kampani ya Microsoft ya ku America imapanga Xbox, ndipo Nintendo ya ku Japan imapanga Switch. Anthu ena amaseŵera pa kompyuta wamba.

Kaŵirikaŵiri magemu akuluakulu amatulutsidwa chakumapeto kwa chaka, pamene anthu akugula mphatso za Khirisimasi. Koma mwezi wa Juni m'chaka cha 2023 udali wosiyana ndi ina, popeza magemu atatu otchuka adatuluka m'kati mwa masabata atatu okha. Mwezi umenewu ukuthandiza kuona bwino chimene chimachitika gemu likachoka kumene lapangidwa kufikira litapezeka, kapena litalephera kupezeka, m'manja mwa mwana wa ku Nkope, ku Chembe kapena ku Malembo.

Loyamba lidali Street Fighter 6, la kampani ya Capcom ya mumzinda wa Osaka ku Japan, limene lidatuluka pa 2 Juni. Ili ndi seŵero la nkhonya ndi mateche, la anthu aŵiri. Aliyense amasankha katswiri mmodzi mwa akatswiri 18 amene adalimo poyamba, ndipo amalimbana mpaka wina atagwa. Mtundu wa seŵeroli udayamba m'chaka cha 1987. Lachisanu ndi chimodzili lidagulidwa ndi anthu opitirira miliyoni imodzi m'masiku asanu oyamba. Lidapangidwa kuti lizitheka pa kompyuta, pa Xbox yatsopano, pa PlayStation 5 ndiponso pa PlayStation 4, makina akale amene adatuluka m'chaka cha 2013.

Pali chinthu china m'gemu limeneli chimene okonda wailesi angachimvetse msanga. Olipanga adaikamo timaphokoso touza woseŵera kutalika kwa mtunda umene uli pakati pa iye ndi mdani wake, ndiponso ngati nkhonya ikubwera chakumwamba kapena chakumunsi. Motero munthu wosaona angathe kuseŵera ndi makutu okha. Mu Ogasiti chaka chomwecho, pa mpikisano waukulu wotchedwa Evo mumzinda wa Las Vegas, pamene oseŵera gemuli adalembetsa opitirira 7,000, Sven van de Wege wa ku Netherlands, amene ndi wakhungu, adagonjetsa mnzake wopenya pamaso pa khamu la anthu.

Lachiŵiri lidali Diablo IV, la kampani ya Blizzard Entertainment ya ku California, limene lidatuluka pa 6 Juni. Nkhani yake ndi ya chiŵanda chachikazi, dzina lake Lilith, chimene chabwerera pa dziko la anthu, ndipo woseŵera amayenda m'mapanga ndi m'mabwinja kupha zilombo. Eni ake adalengeza kuti m'masiku asanu oyamba lidaŵapezetsa ndalama zopitirira madola 666 miliyoni. Gemu limeneli silitheka popanda intaneti. Ngakhale munthu afune kuseŵera yekha m'nyumba mwake, makina ake ayenera kukhala olumikizidwa nthaŵi yonse ku makompyuta a kampaniyo, ndipo intaneti ikaduka seŵero limathera pomwepo.

Lachitatu lidali Final Fantasy XVI, la kampani ya Square Enix ya ku Tokyo, limene lidatuluka pa 22 Juni, ndipo okwanira 3 miliyoni adagulitsidwa m'sabata yoyamba. Ili ndi nthano yaitali imene munthu amaitsata kwa maola ambirimbiri. Ikunena za mnyamata wa banja lachifumu, Clive Rosfield, amene adasanduka kapolo, ndiponso za maufumu olimbirana miyala yamphamvu pamene nthaka yao ikufa pang'onopang'ono. Pamene lidatuluka linkatheka pa PlayStation 5 pokha. A makompyuta adalidikira mpaka Sepitembala 2024.

Tsono kuti gemu lotere lifike ku Monkey Bay liyenera kudutsa pa zipata zitatu. Chipata choyamba ndi ndalama. Diablo IV ndi Final Fantasy XVI adali pa mtengo wa madola 70 lililonse, ndipo Street Fighter 6 lidali pa madola 60. M'mwezi umenewo dola imodzi inkagulidwa ndi ndalama zopitirira pang'ono K1,000 ku banki, kotero kuti gemu limodzi la madola 70 lidali loposa K70,000, osaŵerengera msonkho ndi zonyamulira. Nthaŵi yomweyo malipiro otsikitsitsa amene boma lidakhazikitsa adali K50,000 pa mwezi. Ndiye kuti mlonda wa pa nyumba ya alendo ku Cape Maclear akadagwira ntchito mwezi wathunthu, osadya, osalipira lendi, ndalama zake sizikadakwanabe gemu limodzi. Makina a PlayStation 5 adayamba kugulitsidwa m'chaka cha 2020 pa mtengo wa madola 499. Ndipo mu Novembala 2023 mphamvu ya kwacha idatsitsidwa ndi 44 peresenti, chipatacho n'kupanikiza koposa kale.

Chipata chachiŵiri ndi magetsi. Kalembera wa chaka cha 2018 adapeza kuti mwa mabanja 100 alionse m'Malaŵi, pafupifupi 11 okha ndiwo ankaunikira nyumba zao ndi magetsi. Ngakhale kumene mawaya a Escom adafika, magetsi adali osadalirika pa nyengo imeneyo, chifukwa namondwe wa Ana adaononga malo opangira magetsi a Kapichira pa mtsinje wa Shire mu Januwale 2022, ndipo dziko lidataya mphamvu pafupifupi mamegawati 130 mpaka malowo atakonzedwa m'chaka cha 2023. Kasola kamene kamayatsa mababu aŵiri ndi kutchaja foni sikangathe kuyendetsa kanema wamkulu pamodzi ndi PlayStation 5.

Chipata chachitatu ndi intaneti. Magemu a masiku ano ndi aakulu zedi. Diablo IV pa kompyuta limafuna malo okwanira magigabaiti 90. Munthu amene amagula bandulo ya gigabaiti imodzi n'kumaisamala sabata yonse angathe kudziŵerengera yekha kuti zimenezi zitanthauzanji. Ngakhale gemu ligulidwe pa chimbale, kaŵirikaŵiri limafunabe kuti zokonzedwa zatsopano zitengedwe pa intaneti.

Mwa magemu atatu aja, limene lili ndi mwai wodutsa zipata zonsezi ndi Street Fighter 6, popeza limatheka pa makina akale, ndipo anthu aŵiri okhala pa benchi imodzi amaseŵera popanda intaneti. Apa mpamene pagona chinsinsi cha magemu a kuno. M'matauni ndi m'misika ya m'mbali mwa nyanja mmene muli magetsi, mwana sakhala ndi makina akeake m'chipinda chogona monga anzake a ku London. Wamalonda mmodzi amagula kanema ndi PlayStation yogwirapo kale ntchito, nthaŵi zambiri yochokera ku South Africa, n'kuziika m'kachipinda. Anyamata amalipira pa seŵero lililonse, aŵiri akuseŵera, khumi akuonerera ndi kuchemerera. Gemu la nthano yaitali ya munthu mmodzi silingapindulitse wamalonda wotere. Chimene chimamudyetsa ndi seŵero la mphindi zochepa, la anthu aŵiri, lokhala ndi wopambana ndi wogonja.

N'chifukwa chake mfumu ya tizipinda timeneti ndi gemu la mpira wa miyendo, limene ngakhale lero ambiri amalitchabe FIFA. Ilo silituluka mu Juni. Limatuluka chakumapeto kwa Sepitembala, ligi za ku Ulaya zitayamba. Lomaliza kukhala ndi dzina limenelo lidali FIFA 23, la chaka cha 2022. Kampani ya Electronic Arts itasiyana ndi bungwe la FIFA, gemuli lidatuluka mu Sepitembala 2023 ndi dzina lakuti EA Sports FC 24.

Akuluakulu a ku nyanja sayenera kudabwa ndi kaseŵeredwe kotere, pakuti adakadziŵa kale pa bawo. Pansi pa mtengo, pa msika wa nsomba kapena pa khonde la sitolo, amuna aŵiri amakhala moyang'anana pa thabwa la maenje 32 ndi nkhomo 64, anzao ataŵazungulira. Wina amatakata, wina amaŵerenga maenje m'mutu asanagwire nkhomo, ndipo oonerera amatsutsana za nzeru za aŵiriwo. Mwana amene waima kumbuyo kwa benchi kudikira padi akuchita chomwecho. Monkey Bay ndi malo odziŵa kulandira cha kunja n'kuchisandutsa chake. Sitima ya Ilala idapangidwa ku Scotland, idabwera m'zidutswa, idalumikizidwa padooko pomwepa, ndipo kuyambira 1951 yakhala ya anthu a m'mbali mwa nyanja.

Komabe pali kusiyana kumodzi kwakukulu. Pa bawo mkulu amaona zonse zimene mwana akuona. M'kachipinda ka magemu makolo saloŵamo, ndipo ambiri sadziŵa chimene chili pa kanemayo. Akulu adati chikomekome cha nkuyu m'kati muli nyerere. Mwamwai opanga magemu amalemba pa chikuto msinkhu woyenera. Ku Ulaya, kuyambira 2003, pali dongosolo lotchedwa PEGI, limene limaika nambala imodzi mwa izi: 3, 7, 12, 16 kapena 18. Ku America amaika zilembo, ndipo chilembo cha M chimatanthauza kuti gemulo ndi la anthu a zaka 17 kapena kuposerapo. Street Fighter 6 lili ndi nambala 12. Diablo IV ndi Final Fantasy XVI onse aŵiri ali ndi nambala 18, chifukwa cha kukhetsa magazi ndi zina zosayenera ana. Gemu la mpira la chaka cha 2023 lidali ndi nambala 3. Kholo limene silidziŵa Chingerezi lingathe kuŵerenga nambala imeneyi, ndipo mwini kachipinda amene amalola mwana wa Sitandade 5 kuseŵera gemu la nambala 18 sangathe kunena kuti sadadziŵe.

Ngakhale gemu la mpira lili ndi msampha wake. Pa intaneti limagulitsa timapaketi ta oseŵera, timene wogula sadziŵa kuti muli yani mpaka atalipira. Dziko la Belgium lidagamula m'chaka cha 2018 kuti malonda otere ndi juga, ndipo chaka chotsatira kampaniyo idaleka kugulitsa ndalama zogulira timapaketito m'dzikomo. Kuno msampha woyandikira kwambiri ndi kubetcha kwa pa benchi, pamene ndalama imene mwana wapeza poyanika usipa kapena kutsuka bwato imaikidwa pa seŵero la mphindi zisanu.

Nkhani ya nthaŵi nayo ndi yofunika. Bungwe loona za umoyo pa dziko lonse la WHO lidavomereza m'chaka cha 2019 kuti kumwerekera ndi magemu ndi matenda, ndipo mndandanda watsopano wa matenda udayamba kugwira ntchito mu Januwale 2022. Bungweli silidanene kuti aliyense woseŵera akudwala, chifukwa ovutika motere ndi ochepa. Zizindikiro zake ndi zitatu: munthu kulephera kudziletsa, kuika gemu patsogolo pa sukulu, ntchito ndi chakudya, ndiponso kupitirizabe ngakhale akuona kuti zinthu zikuonongeka. Kaŵirikaŵiri zimenezi ziyenera kuoneka kwa miyezi 12 kuti adokotala anene kuti ndi matenda. Mphunzitsi amene akuona mpando wa mwana uli wopanda munthu m'maŵa uliwonse sayenera kudikira miyezi yonseyo.

Kutseka tizipinda ta magemu sikungathetse kanthu, pakuti magemu adaloŵa kale m'mafoni, ndipo tizipindato tikudyetsa mabanja. Chofunika ndi chipata chachinayi, chimene alonda ake ndi makolo, aphunzitsi ndi mafumu. Komiti ya sukulu ingathe kugwirizana ndi eni tizipinda kuti mwana wovala yunifomu asaloŵe nthaŵi ya maphunziro, kuti magemu a nambala 18 asaikidwe ana alipo, ndiponso kuti kubetcha kuletsedwe. Bambo angathe kupita tsiku lina, kukhala pa benchi, n'kupempha mwana wake kuti amuphunzitse kugwira padi. Akagonja zigoli zisanu, amuitanire mwanayo pa bawo madzulo ake.